Kuyang'ana M'kamwa mwa Wamkulu

M'mwezi wa Febuluwale tauni ya Mildura imanunkhira mphesa zoumika. Fungolo limabwera ndi mphepo yotentha yochokera kuminda, limalowa m'basi ndi m'tchalitchi, limakakamira ngakhale pa zovala zoyanika, ndipo dzuwa likafika paliwombo misewu imanyezimira ngati yathiridwa madzi amene munthu sangawafike. Azakhali anga, a Kalolaine Lavulo, anafika kuno m'nyengo yotereyi kuchokera ku zilumba za Ha'apai, ku Tonga, ali mtsikana wa zaka makumi awiri ndi zitatu. Anathyola mphesa m'minda ya eni kwa zaka khumi. Kenako analowa ntchito panyumba ina yosamalira okalamba, ndipo kumeneko akhala akusambitsa anthu, kuwaveka, kuwadyetsa ndi kuwatembenuza pabedi kwa zaka khumi ndi zisanu ndi zinayi.

M'zaka zonsezo sanaloledwe kupatsa munthu piritsi ngakhale limodzi. Manja amene ankaitanidwa kukatseka maso a womwalira ndi kumumanga chibwano sankayenera kukhudza makiyi a kangolo ka mankhwala. Makiyiwo ndi a anesi, ndi a antchito ochepa amene ali ndi satifiketi ya wothandiza kupereka mankhwala. Achinyamata ankabwera, azakhali n'kuwaphunzitsa kadzutsidwe ka munthu wofa ziwalo mbali imodzi, ndipo pakangotha miyezi isanu ndi umodzi akuluakulu a nyumbayo ankatumiza achinyamata omwewo ku maphunziro a mankhwala, chifukwa Chingerezi chawo chinali cha kusukulu. Ndawerenga malipoti okhuthala ngati njerwa onena za nyumba zoterezi. Onse amayamikira kudzipereka kwa amayi onga azakhali anga, koma sindinapezemo ndime ngakhale imodzi yofunsa chifukwa chake munthu amayamikiridwa zaka zonsezo ali pamalo amodzimodzi.

Chimene chinagwedeza zinthu si chilungamo koma msana. Dokotala anawauza kuti akapitiriza kunyamula anthu chaka china chimodzi, adzayamba kunyamulidwa iwowo. Wokankha kangolo ka mankhwala sanyamula munthu. Choncho anapita kwa mkulu wa nyumbayo katatu konse, ndipo ulendo wachitatu anawalembetsa, koma anawauza mosabisa kuti mayeso omaliza munthu amayesa kawiri kokha, ndipo akalephera kawiri konseko sadzatumizidwanso. Popanda satifiketiyo ntchito ikanathera pomwepo, ndipo mayi wa zaka makumi asanu ndi ziwiri akanangotsala wokhala pakhomo.

Tinkawerengera limodzi Loweruka masana, pakuti Lamlungu kwathu sitigwira ntchito, ngakhale ya buku. Tinkaika mphesa zoumika m'katoni ya mazira kuti zikhale mapiritsi, ine n'kukhala nkhalamba. Zinthu zisanu ndi chimodzi zoyenera kutsimikiza anazilowetsa m'mayimbidwe a kwaya: munthu wake, mankhwala ake, mlingo wake, nthawi yake, njira yake, kenako kulemba. Ankaziyimba akutsuka mbale, ndipo mayeso olemba anakhoza kuposa onse m'kalasimo. Panatsala mayeso a manja, pamene nesi wamkulu amakutsatira chipinda ndi chipinda uku iwe ukupereka mankhwala a masana.

Nesi wamkuluyo anali Bronwyn Teague, mayi wowonda wosakonda kulankhula, amene anagwira ntchito ndi azakhali zaka zoposa khumi. Tsiku lina mu Januwale azakhali anavala epuloni yofiira yochenjeza anthu kuti asawasokoneze, n'kuyamba kukankha kangolo mumpita wautali wa pakati pa zipinda. Pa munthu aliyense ankasamba m'manja, kuyerekeza nkhope ndi chithunzi cha papaketi, kutchula dzina mokweza, kugwada pambali pa mpando ndi kupereka kakapu ka mapiritsi ndi manja awiri. Womaliza anali Bambo Carmelo Iannello, nkhalamba ya zaka makumi asanu ndi atatu mphambu zisanu ndi zitatu, amene kale anali ndi munda wa mpesa ku Irymple. Anthu khumi ndi mmodzi anatha osakhetsa ngakhale dontho la madzi. Ndiyeno Bronwyn anawaitanira mu ofesi.

"Khala, Kalo. Manja ako ndi abwino kuposa anga. Koma sindisaina."

"Ndalakwitsa dzina la ndani?"

"Sunalakwitse dzina. Bambo Carmelo ameza?"

"Ameza."

"Wawaona?"

Azakhali anatsitsa maso, ndipo Bronwyn anapitiriza.

"Umayang'ana masilipasi awo, Kalo. Kwa ena umayang'ana kapeti. Anthu asanu ndi awiri wawasainira kuti ameza, koma palibe amene wamuona akumeza. Ukasaina pamenepa ukunena kuti waona ndi maso ako, osati ukukhulupirira."

Kwathu mwana amaphunzira kutsitsa maso asanaphunzire kuwerenga. Sungaimirire pamene wamkulu wakhala, sungadutse kutsogolo kwake osawerama, ndipo kumuyang'anitsitsa pakamwa pamene akudya ndi khalidwe la galu wodikira fupa. Ndinawafunsa azakhali kuti nanga aja amawadyetsa ndi supuni, sawayang'ana pakamwa? Anati, "Amenewo ine ndine manja awo, ndiyenera kuona kumene supuni ikupita. Koma munthu wodzigwirira yekha kapu wangotsala ndi kapuyo basi. Ndimulandenso?"

Ine ndinapsa mtima. Ndinati mayesowo anakonzedwa ndi anthu oganiza kuti ulemu uli ndi nkhope imodzi yokha, yawoyo, ndipo akulanga mayi chifukwa cha chinthu chomwecho chimene okalambawo amamukondera. Azakhali anandimvetsera mpaka kumapeto uku akusenda chinangwa.

"Iwe Seini, mabuku akuphunzitsa kukalipa bwino," anatero. "Koma Bronwyn sananame. Sindinaone."

Marites, mnzawo wa kuntchito wochokera ku Philippines, sanawamvere chisoni ngakhale pang'ono. Anabwera kwathu ndi mbale ya nudozi, n'kuyamba asanakhale pansi, akuwatchula Ate, monga kwawoko amatchulira mchemwali wamkulu.

"Ate Kalo, matako a tauni yonse ino mwawaona, a maloya ndi a ansembe omwe. Lero mukuchita manyazi ndi pakamwa?"

"Matako sandiyang'ana. Pakamwa pali maso pamwamba pake."

"Ndiye yesererani pa ine. Onani, aaa."

"Tseka, zilowa ntchentche. Iwe ndiwe mwana, ndingakusuzumire mpaka m'mimba osamva kalikonse."

Anapatsidwa masabata atatu. Ankayeserera paliponse pamene apeza wamkulu akutafuna. Pa phwando la kutchalitchi anayang'anitsitsa akazi a abusa akudya lū, nyama yophikira m'masamba, mpaka mayiwo anasiya, n'kufunsa monong'ona ngati tsamba lawatsalira m'mano. Lamlungu lina atagona pang'ono masana, anadzuka n'kundiuza kuti analota akukankha kangolo ka mankhwala pamatanthwe a ku Ha'apai nyanja itaphwera. Tidziwe tonse totsalira pamiyala tinali pakamwa potseguka, ndipo m'kati mwa kalikonse munali kansomba koyera kamene sikankafuna kumira. Agogo awo anali patsogolo atavala mkeka wa m'chiuno, osacheuka, ndipo iwo sanadziwe ngati akuwatsogolera kapena akuwathawa chifukwa cha manyazi. Anandifotokozera malotowo akuseka, koma tsiku limenelo sanadye.

Masana m'nyumba ya okalambayo amakhala ngati pansi pa madzi. Makatani amatsekedwa chifukwa cha dzuwa, makina oziziritsa mpweya amang'ung'udza, kanema amalankhula yekha m'chipinda chochezera, ndipo anthu makumi atatu amawodzera m'mipando mitu itapendekeka, aliyense ali kwawo: wina m'mudzi wa ku Croatia, wina pasiteshoni ya sitima imene inagumulidwa kalekale, wina akuitana ana amene lero ali ndi imvi. Azakhali amati akamayenda mumpitamo amamva ngati akudutsa pakati pa maloto a eni, ndipo ayenera kuponda pang'onopang'ono kuti asawatayitse. Ine sindingathe kuona bata limenelo ndi maso awo, chifukwa ndikudziwa kuti tina mwa tulo timeneto n'tolembedwa ndi dokotala, ndipo masana antchito amakhala awiri okha.

Bambo Carmelo anali mmodzi mwa olemberedwa tulo. Atangofika kumene, masana alionse ankavala chipewa n'kupita pachitseko chachikulu, amvekere nthawi yawo yotsegulira madzi m'mizere ya mpesa yakwana. Kawiri anapezeka pamalo oimika magalimoto dzuwa likuswa mtengo. Choncho anawalembera kapiritsi koyera kakang'ono ka masana. Kuyambira pamenepo anasiya kupita pachitseko. Ankangokhala pawindo la chipinda chawo maso ali otsinzina pang'ono, pambali pa kamtengo ka ndimu ka mumphika kamene mwana wawo wamkazi anabweretsa, ndipo aliyense ankati kapiritsiko kakugwira ntchito. Pa masabata amene azakhali ankaphunzira kukankha kangolo, bambowa ankabweza ena onse. "Ndikufuna signora wa ku Tonga," ankatero, kutanthauza mayi m'chinenero cha makolo awo. Azakhali ankabwera kunyumba ndi mawu amenewo ngati duwa la m'tsitsi.

Mayeso achiwiri anafika pakati pa Febuluwale, tsiku lotentha kwambiri moti mbalame zinkakhala pansi pa mitengo milomo ili yasa. Pa munthu woyamba azakhali anagwada, anapereka kakapu, ndipo anakweza maso ngati akunyamula ndowa yodzaza. Mayi wokalambayo anameza osazindikira n'komwe kuti akuyang'anidwa. Wachiwiri anawamwetulira. Wachisanu anati, "Lero wandiona, Kalo. Ndimayesa umadana ndi ndevu zanga." Pofika pa munthu wakhumi khosi linali litawawa, koma denga linali lisanagwe.

Bambo Carmelo anakhala choyang'ana kuwindo monga mwa masiku onse. Bronwyn anaima pakhomo ndi pepala lake, ndipo kuchokera pamenepo ankangoona nkhongo ya nkhalambayo ndi nkhope ya azakhali. Azakhali anatchula dzina, anagwada, anapereka kakapu ndi madzi, n'kuyang'ana. Anaona kapiritsi kakulowa. Anaona lilime likukakankhira kutsaya la kumanzere mwaluso la munthu wochita zimenezo tsiku ndi tsiku. Madzi anapita, kholingo linakwera n'kutsika, ndipo bambowo anapuma mokweza ngati munthu amene wameza chinthu chowawa. Atatsegula maso anapeza maso a azakhali ali pa iwo. Anadabwa kaye. Kenako anapukusa mutu pang'ono kwambiri, mosaoneka kwa woima pakhomo.

Apo m'pamene azakhali anamvetsa chifukwa chake ankafunidwa. Ena ankayang'ana wotchi, iwo ankayang'ana pansi, ndipo mwa onsewo iwo ndiwo anali odalirika kwambiri. Anamvetsanso kuti Bronwyn waona zonse zimene amafuna kuona: wawaona akuyang'ana. Kunangotsala kusaina, satifiketi n'kukhala yawo. Akalankhula sankadziwa kuti nkhaniyo ikathera pati. Mwina Bronwyn akanati masabata onse aja bambowa ankabisa mapiritsi pamaso pa Kalo yemweyo, ndiye munthu wotero apatsidwe bwanji makiyi? Anandiuza pambuyo pake kuti cholembera chinali kale m'manja, ndipo kunja lole yodzaza mphesa inadutsa pang'onopang'ono ngati ngalawa.

"Papa Carmelo," anatero motsitsa mawu, koma osati motsitsa moti Bronwyn asamve, "kakadali m'tsaya."

"Ndameza, signora."

"Madzi mwameza. Kapiritsi kali kumanzereko."

"Iwenso? Ine ndinkati a ku Tonga ali ndi ulemu."

"Ulemu ulipo, Papa, n'chifukwa chake ndagwada. Simukukafuna?"

Bambowo anawayang'anitsitsa. "Chaka ndi theka ndili muno," anatero, "ndipo ndiwe woyamba kundifunsa."

Azakhali anawapatsa kapepala kopukutira, ndipo iwo analavulirapo kapiritsiko katayamba kusungunuka.

"Kamandiponya m'chitsime," anatero. "Ndikakameza ndimadzuka dzuwa litalowa, m'kamwa muli ngati thonje, tsiku lonse wina wandibera. Ino ndi nyengo yokolola. Ndikufuna kuona malole. Ndikufuna kuona ngati mwana wa Zappia amadzazabe lole mopitirira ngati atate wake, mbava ija."

Bronwyn analowa n'kuima pambali pa mpando. "Carmelo, mwayamba liti zimenezi?"

"Nthawi yodulira mpesa. Julayi."

"Nanga mapiritsi onsewo ali kuti?"

"Funsani ndimuyo. Imagona bwino kwambiri. Sinabalepo n'kamodzi komwe."

Azakhali anaimirira, anaika kapepala kaja m'kabotolo ka mankhwala otayidwa, ndipo m'malo mosaina kuti wameza analemba chizindikiro cha wokana, nthawi yake, ndi mawu a bambowo monga anawanenera. Atatero anatembenukira kwa Bronwyn n'kunena monga buku limanenera: "Nesi, ndikukudziwitsani kuti Bambo Iannello akana mankhwala awo a masana, ndipo akuti akhala asakumwa kuyambira Julayi." Anakankha kangolo kubwerera nako, anakhoma, anapereka makiyi, n'kukakhala mu ofesi manja ali pamiyendo.

Bronwyn anachedwa kubwera. Atafika anakhala pansi, anavula magalasi, n'kupukuta m'maso.

"Miyezi isanu ndi iwiri," anatero. "Tonse takhala tikusaina. Ineyo ndasainapo kangapo." Anakoka pepala la mayeso, anasaina malo atatu, n'kulitembenuzira kwa azakhali. "Apa ndi pako. Ulembe dzina lonse, osati Kalo."

Satifiketi inabwera patapita masabata awiri, ndipo msana wa azakhali unapuma. Ndikanakonda kulekera pamenepa, koma zimene zinatsatira n'zimene zandichititsa kulemba. Munthu amene kwa miyezi isanu ndi iwiri sanamwe mankhwala ogonetsa, ndipo m'miyezi yonseyo sanapite pachitseko, sanamenye aliyense, anangokhala pawindo n'kumaonera msewu, ameneyo wasonyeza yekha kuti mankhwalawo sakuwafunikira. Dokotala anabwera Lachinayi, anawerenga lipoti, ndipo anaona vuto lina: wodwala amabisa mapiritsi. Anasintha kapiritsiko kukhala mankhwala amadzi, amene sabisika m'tsaya. Mwana wawo wamkazi anavomera pafoni. Sindimuweruza, pakuti iye amakumbukira tsiku lija atate wake anapezeka padzuwa pakati pa magalimoto, ndipo palibe anamuuza kuti pangakhale njira ina.

Bambo Carmelo anakwiya nawo azakhali masabata awiri athunthu. Akamva kangolo pakhomo ankati, "Wafika wapolisi." Azakhali ankagwada, kuthira mlingo wake m'kakapu, kuwayang'ana m'maso n'kufunsa, "Papa, lero mukuwafuna?" Bambowo ankati ayi, ndipo azakhali ankalemba kuti akana n'kudziwitsa nesi. Sabata lachitatu anasiya kuwatchula wapolisi, n'kuyamba kuwauza mayina a eni malole. Koma azakhali amagwira masana anayi pa sabata. Masana atatu otsalawo kangolo kamakhala m'manja mwa ena, anthu abwino othamangitsidwa ndi nthawi, amene amangoti, "Imwani, Carmelo, mwachita bwino," ndipo bambowo, posafuna kukangana ndi nkhope yachilendo, amamwa n'kutsikira m'chitsime chawo mpaka madzulo.

Tsiku lina ndinapita kukawatenga atawerukako. M'galimoto munali motentha ngati mu uvuni, ndipo anakhala kaye osatseka chitseko, nsapato atavula.

"Ndinkaganiza kuti ndikapeza pepala lija ndidzagona tulo tabwino," anatero. "Tsopano Lachiwiri ndikakhala pakhomo ndimangoona bambo aja atatsamira pawindo, malole akudutsa okha. Ndine ndinawaulula, Seini."

"Munalemba zoona, Anti. Olakwa ndi amene anawerenga zoonazo n'kusankha botolo."

"Eya, kalipa. Koma ukukalipira galimoto." Kenako anapitiriza. "Bronwyn akuti kukana kukachuluka papepala, dokotala ayenera kuunikanso. Koma akuti zimayenda msanga wina wakunja akalemba kalata ku ofesi yolandira madandaulo. Ine sindingalembe, ndine wa m'katimo. Iwe uli ndi mawu ambiri ongowonongeka."

Ndinati ndilemba tsiku lomwelo, ndipo mitu ya kalatayo inali itayamba kale kundandalikana m'mutu mwanga.

"Lero ayi," anatero azakhali. "Upite kaye ukawafunse eni ake ngati akufuna kulemberedwa. Akakana, wasiya. Akavomera, uyimbirenso mwana wawo, usamudumphe. Ndipo upite Lachinayi kapena Lachisanu, masiku anga. Masiku enawo ukapeza akugona."

Anakoka chitseko, anatsamira kumbuyo, n'kundiuza kuti ndiyendetse pang'onopang'ono pa mabampu.